Pulofesa Ernst Wendland, katswiri amene anaika nthano za pa wailesi za Julius Chongo m'buku

Anthu amene anali ndi wailesi m'dziko la Zambia pakati pa chaka cha 1966 ndi 1976 amakumbukira pologalamu ya Chinyanja yotchedwa Poceza m'Madzulo, imene malemu Julius Chongo ankasimbamo nthano. Koma ndi owerengeka okha amene amadziwa kuti nthano zimenezo zinafufuzidwa pa yunivesite ina ya ku America, ndiponso kuti zina mwa izo zikupezeka m'buku lero chifukwa cha khama la munthu mmodzi. Munthuyo ndi Pulofesa Ernst R. Wendland, katswiri wa zolembalemba ndi kumasulira, amene anakhala mu mzinda wa Lusaka zaka zoposa 50.

A Wendland anabadwa m'chaka cha 1944 m'dziko la United States. Bambo awo, a Ernst H. Wendland, anali m'busa wa mpingo wa Lutheran, ndipo anafika ku Lusaka mu 1962, dziko lino likadatchedwa Northern Rhodesia. Mwana wawoyo atatsiriza maphunziro a ku koleji ku Wisconsin anayamba kuphunzitsa mu 1968 pa sukulu ya mpingowo imene ili ku Chelston, kum'mawa kwa mzinda wa Lusaka. Ntchito yawo inali yokonzekeretsa alaliki ndi abusa, ndipo ntchito yotere imafuna kuti mphunzitsi adziwe chinenero chimene ophunzira ake adzalalikiremo. Apa ndi pamene panayambira chibwenzi chawo ndi Chinyanja.

Buku lawo loyamba lokhudza nthano linatuluka ku Lusaka mu 1976, ndipo mutu wake ndi Nthano za kwa Kawaza. M'bukuli muli nthano za Achewa a m'dera la Mfumu Kawaza, cha ku Katete m'chigawo cha kum'mawa. Kusonkhanitsa nthano za kumudzi sinali ntchito yachilendo pa nthawiyo, pakuti amishonale ndi akatswiri ena anali atachitapo zotere kuyambira kale. Chachilendo chinali chimene a Wendland anachita pambuyo pake, pamene anatchera khutu ku wailesi ndi kunena kuti zimene zinkamveka m'menemo zinali luso loyenera kuliphunzira monga momwe anthu amaphunzirira mabuku otchuka.

Kuti nkhaniyi imveke bwino, m'pofunika kukumbukira mmene wailesi inalili m'masiku amenewo. Kuulutsa mawu kunayamba ku Lusaka mu 1941, nkhondo yachiwiri ya dziko lonse ili mkati. Mu 1949 kunabwera kawailesi kotsika mtengo kotchedwa Saucepan Special, kamene kanachititsa kuti anthu wamba nawonso akhale ndi wailesi m'nyumba zawo. Dziko litalandira ufulu mu 1964, wailesi ya boma inali ndi mapologalamu m'zinenero 7, zomwe ndi Chinyanja, Chibemba, Chitonga, Chilozi, Chilunda, Chiluvale ndi Chikaonde. Pa nthawi imene a Chongo ankamveka, nyumba youlutsira mawuyi inkatchedwa Zambia Broadcasting Services. Dzina lakuti ZNBC linabwera kumapeto kwa zaka za m'ma 1980. Wailesi yakanema inali ya anthu ochepa a m'mizinda ikuluikulu. M'matauni amene ankakula msanga monga Kafue, kumene mafakitale a feteleza ndi a nsalu anakoka antchito ochokera m'zigawo zosiyanasiyana, kunalibe bwalo la agogo loti ana akhale mozungulira moto. Wailesi ndiyo inalowa m'malo mwa bwalolo.

A Chongo ankasimba okha. Mawu a mfumu, a nkhalamba, a mtsikana, a Kalulu ndi a Fisi onse ankachokera pakamwa pamodzi, ndipo womvera ankazindikira amene akulankhula popanda kuuzidwa. Kuwonjezera pa nthano za makolo, iwo ankapekanso nkhani za moyo wa masiku amenewo, ndipo sankaopa kuponyamo mawu a Chingerezi kapena a m'tauni pamene akufuna kuonetsa khalidwe la munthu. Anthu ankaseka, mawa lake n'kumakambirana ku ntchito ndi ku msika, koma mawu a pa wailesi sakhalitsa: akamveka kamodzi apita.

A Wendland anatenga nthanozi monga zinajambulidwira pa matepi, n'kuzilemba liwu ndi liwu, kenaka n'kuzisanthula. Zotsatira zake anazipereka mu 1979 ku yunivesite ya Wisconsin mu mzinda wa Madison, kumene analandira digiri ya udokotala pa zinenero ndi zolembalemba za mu Africa. Mutu wa kafukufukuyo unali Stylistic Form and Communicative Function in the Nyanja Radio Narratives of Julius Chongo, kutanthauza kuti ankafufuza kaumbidwe ka mawu a Chongo ndi ntchito imene kaumbidwe kameneko kamagwira m'makutu ndi mumtima mwa womvera. Yunivesite imeneyi inali malo oyenera ntchito yotere. Kumeneko n'kumene kunkaphunzitsa Harold Scheub, amene anayenda pansi mitunda yaitali ku South Africa akujambula nthano za Axhosa ndi Azulu. Komanso mu 1970 Ruth Finnegan anali atatulutsa buku lake lotchuka, Oral Literature in Africa, limene linalimbikitsa ganizo lakuti zosimbidwa pakamwa n'zofunika kuzilemekeza mofanana ndi zolembedwa. Komabe akatswiri ambiri a nthawiyo ankapita kumidzi kukafuna nthano zimene ankati sizinaipitsidwe ndi zamakono. Kusanthula msimbi wa pa wailesi, wokhala m'tauni, wolankhula ndi makina m'chipinda chopanda omvera, inali njira imene ochepa anali atayendamo.

Vuto limene msimbi wa pa wailesi amakumana nalo ndi losavuta kulimvetsa. Agogo akamasimba pabwalo amagwiritsa ntchito manja, maso ndi nkhope. Akafuna kuonetsa mmene Fisi anayendera amadzuka n'kutsimphina. Ana amavomera kuti "tili tonse," amayimba nawo nyimbo, ndipo agogo akaona kuti wina wayamba kusinza amafupikitsa nkhani kapena kuikamo choseketsa. Pa wailesi zonsezi palibe. Chimene chatsala ndi liwu lokha, ndiye liwulo liyenera kusenza katundu yense amene manja, maso ndi omvera ankathandizana kunyamula.

Chimodzi mwa zida zazikulu zosenzera katunduyo ndi mvekero, mawu aja amene amajambula chinthu m'malo mochifotokoza. Munthu akanena kuti mlendo anafika mwadzidzidzi, womvera wamva uthenga. Akanena kuti mlendo anangoti balamanthu, womvera wamuona mlendoyo ataima pakhomo. Mwala ukagwera m'madzi umati chubwi, usiku umada bii, m'mudzi mukachitika zoopsa mumangoti zii, ndipo woledzera amayenda dzandidzandi. Katswiri wa zinenero Clement Doke anafotokoza mtundu uwu wa mawu mu 1935 polemba za zinenero za Bantu, koma kwa nthawi yaitali olemba mabuku a sukulu ndi a tchalitchi ankaupewa, poganiza kuti ndi kalankhulidwe kachibwana kosayenera papepala. A Chongo sankaganiza choncho. Ngakhale buku limene analemba okha, la nkhani za nkhondo za Angoni, analitcha Fumbi Khoboo!, ndipo mutu wokhawo ukuonetsa fumbi likukwera kumwamba.

Mvekero sunali wokha. Pali kubwereza mawu kapena chiganizo kuti womvera amene wasokonezedwa ndi kulira kwa mwana asatayike. Pali kusintha dongosolo la mawu kuti chinthu chofunika chikhale patsogolo. Pali kupuma pang'ono chisanachitike chinthu chachikulu, mafunso osafuna yankho, miyambi, ndi kulola anthu a m'nkhani kulankhula okha m'malo mowalankhulira. Mwini chinenero amachita zonsezi osaganizira, monga momwe mayi amatsirira mchere m'ndiwo osayeza. Ntchito ya a Wendland inali kuzitchula maina, kuonetsa pamene zikupezeka, ndi kufotokoza chifukwa chake zikugwira mtima. Sikuti iwo ndiwo anatulukira luso la a Chongo, popeza omvera anali atalidziwa kale. Chimene anachita ndi kulemba umboni wake m'njira imene masukulu apamwamba sakanatha kuutsutsa.

Panapita zaka 25 kuti nthanozo zifike m'manja mwa anthu wamba. Mu 2004 nthambi yosindikiza mabuku ya yunivesite ya Zambia inatulutsa buku lotchedwa Poceza m'Madzulo: Some Chinyanja Radio Plays of Julius Chongo with English Translations. M'bukuli muli zina mwa nthanozo m'Chinyanja pamodzi ndi kumasulira kwake m'Chingerezi. Pepala silingasunge chilichonse: kukwera ndi kutsika kwa liwu, kunong'ona, kuseka kwa Fisi, zonsezi zimatsalira pa tepi. Koma mawu enieniwo alimo, ndipo mphunzitsi wa Chinyanja amene akufuna kuonetsa ana asukulu mmene chinenero chawo chimamvekera chikagwidwa ndi mmisiri ali ndi poyambira.

Mbali ina ya moyo wa a Wendland, imene inawatchukitsa kunja kwa Zambia, ndi kumasulira Baibulo. Kwa zaka zambiri anali mlangizi wa bungwe la United Bible Societies, ndipo ankathandiza magulu a omasulira a m'Zambia ndi m'Malawi. Poyang'ana mwamsanga munthu angaganize kuti iyi ndi ntchito ina yosiyana ndi ya nthano za Kalulu. Koma mabuku awo akuonetsa kuti inali ntchito imodzi. Anthu ambiri m'mipingo ya kuno amalandira Malemba kudzera m'khutu, wina akuwerenga kutsogolo. Choncho funso limene linali pa a Chongo, lakuti liwu lokha lingafikitse bwanji nkhani kwa womvera, ndi lomwenso lili pa womasulira.

Mu 1987 anatulutsa buku lotchedwa The Cultural Factor in Bible Translation, limene zitsanzo zake zambiri zinachokera kwa Achewa ndi Atonga. Zinenero ziwirizi zimakumana m'dera la Kafue, pamene msewu wochokera ku Lusaka umawoloka mtsinje kulowa m'chigawo cha kum'mwera, ndipo aliyense wokhala kumeneko amadziwa kuti liwu lomasuliridwa molondola likhoza kumveka molakwika. Mfundo ya bukuli ndi yakuti womvera samva mawu okha, koma amawamva ndi mwambo wake wonse. Chitsanzo chosavuta ndi cha wokhometsa msonkho wa m'fanizo la pa Luka 18, amene amadzimenya pachifuwa posonyeza chisoni ndi kulapa. Kwa Mchewa, munthu wodziguguda pachifuwa ndi wodzitama. Womasulira akangotsata mawu mmene alili, womvera adzaona munthu wonyada pamene wolemba ankafuna kuonetsa munthu wosweka mtima. Chimodzimodzinso nkhani ya Rute, mkazi wamasiye amene anatsata apongozi ake kupita kwawo kwa mwamuna, imamveka mwina kwa anthu a chikamwini, kumene mwamuna ndiye amasamukira kwawo kwa mkazi ndipo ana amakhala a mbumba ya kuchikazi.

Nkhani imene inautsa mtsutso waukulu ndi ya dzina la Mulungu. Baibulo lakale la Chinyanja, Buku Lopatulika, linatsirizidwa mu 1922 motsogozedwa ndi m'busa William Murray wa mpingo wa Dutch Reformed, ndipo linagwiritsa ntchito dzina lakuti Yehova. Akatolika anali ndi lawo, Malembo Oyera, limene linatuluka mu 1966. Kenaka mipingo ya mbali zonse ziwiri inagwirizana kumasulira Baibulo limodzi m'chinenero cha masiku ano, ndipo linatuluka mu 1998 ndi dzina lakuti Buku Loyera. M'Baibulo limeneli dzina la Mulungu la m'Chipangano Chakale linamasuliridwa kuti Chauta, dzina limene makolo a Achewa ankaitanira Mlengi popempha mvula, lomwe ambiri amaligwirizanitsa ndi uta wa Leza. A Wendland anaikira kumbuyo chisankhochi m'nkhani imene analemba mu 1992 m'magazini ya The Bible Translator, ndipo mu 1998 anatulutsa buku lathunthu lofotokoza mmene ntchito yonseyo inayendera, lotchedwa Buku Loyera: An Introduction to the New Chichewa Bible Translation. Si onse anakhutira. Akhristu ena ankaona kuti dzina lakuti Chauta likukumbutsa za nsembe za pa kachisi wa mvula, ndipo mipingo yambiri inapitiriza kuwerenga Buku Lopatulika, limene mawu ake analowa kale m'nyimbo ndi m'mapemphero a anthu. Tiyeneranso kunena kuti omasulira enieni a Buku Loyera anali eni chinenero. Mlangizi amafunsa mafunso ndi kuyerekeza ndi Chiheberi ndi Chigiriki, koma chiganizo chimaumbidwa ndi amene anachiyamwira.

Pa Masalimo a Wendland anafunsa funso lina. Ngati salimo ndi ndakatulo m'Chiheberi, n'chifukwa chiyani liyenera kumveka ngati kalata ya ku ofesi likafika m'Chichewa? Mu 1993 anatulutsa buku lonse lokamba za salimo limodzi lokha, la 22, lotchedwa Comparative Discourse Analysis and the Translation of Psalm 22 in Chichewa. Iwo anaphunzira kalembedwe ka alakatuli a Chichewa, n'kuyesa kumasulira salimolo motsata luso la ndakatulo, ndi mivekero yake, kubwereza kwake ndi mizere yoyenerana ndi mpweya wa wowerenga mokweza. Maganizo amenewa anawakulitsa m'mabuku awiri amene amagwiritsidwa ntchito pophunzitsa omasulira m'maiko ambiri: Translating the Literature of Scripture la mu 2004, ndi LiFE-Style Translating la mu 2006. Katswiri wa ku America Eugene Nida anali ataphunzitsa kale, kuyambira m'zaka za m'ma 1960, kuti womasulira azitsata tanthauzo osati kuwerenga mawu limodzilimodzi. A Wendland anawonjezera kuti kukoma kwa mawu nakonso ndi mbali ya tanthauzo, ndipo womasulira amene wasunga uthenga koma wataya kukomako wasiya theka la katundu panjira.

Khutu lawo silinaleke kutsata olankhula aluso. Mu 2000 anatulutsa Preaching That Grabs the Heart, buku losanthula maulaliki a Chichewa a mlaliki wa ku Malawi Shadrack Wame, ndipo anawasanthula ndi zida zomwe zija anagwiritsa ntchito pa nthano za a Chongo. Mu 2005 kunabwera Sewero! Christian Drama and the Drama of Christianity in Africa, lokamba za masewero achikhristu. Mu 2007 analemba pamodzi ndi m'busa wa ku Zambia Salimo Hachibamba buku lotchedwa Galu Wamkota, mutu wochokera pa mwambi uja wakuti galu wamkota sakandira pachabe. Mabuku atatuwa anatuluka mu mndandanda wa Kachere wa ku Zomba, umene unayambira ku nthambi ya maphunziro a zachipembedzo ya yunivesite ya Malawi. Ichi ndi chizindikiro chakuti malire a pa Mwami sagawa chinenero, ngakhale kuti Malawi anasintha dzina lake kukhala Chichewa mu 1968 pamene Zambia anasunga lakuti Chinyanja, ndipo ngakhale kalembedwe kakusiyana pang'ono, kuno Poceza, uko Pocheza. Yunivesite ya Stellenbosch ku South Africa nayonso inawapatsa udindo wa upulofesa m'nthambi yake ya maphunziro a zinenero ndi miyambo yakale.

Pali mfundo imodzi imene wolemekeza ntchito ya a Wendland sayenera kuibisa. Pafupifupi zonse zimene analemba zokhudza luso la Chinyanja zili m'Chingerezi, ndipo Chingerezi chake ndi cha akatswiri, chodzaza ndi mawu amene ngakhale wotsiriza giredi 12 angafunike dikishonale kuti awamve. Ena mwa mabukuwo anasindikizidwa ku America ndi ku Britain, pa mtengo umene mphunzitsi wa ku Kafue, ku Katete kapena ku Dedza sangaufikire mosavuta. Vutoli si la iwo okha. Akatswiri ambiri a zinenero za mu Africa, kuphatikizapo eni nthaka, amalemba m'Chingerezi chifukwa ndimo mmene mayunivesite amawerengera ntchito ya munthu ndi kumukweza pa udindo. Zotsatira zake n'zakuti wophunzira wa ku Dallas kapena ku Stellenbosch akhoza kufotokoza chifukwa chake nthano za a Chongo zinali zokoma, pamene mdzukulu wa amene ankazimvera alibe buku la m'chinenero chake lomuuza zimenezo. Mwa mabuku onse a Wendland amene atchulidwa pano, amene munthu wodziwa Chinyanja chokha angatsegule n'kuwerengamo nthano yathunthu ndi awiri, la kwa Kawaza la mu 1976 ndi la Poceza m'Madzulo la mu 2004, ndipo m'mabuku awiriwo mawu a Chinyanjawo ndi a asimbi eni ake.